Mlandu Uli pa Apilo, Wochotsedwa Ntchito Azidya Chiyani?

Nkhani yathu ya lero tiyitenga kutali, ku India, koma aliyense amene anayamba wadikirapo malipiro pakutha pa mwezi saivutikira kumva.

Munthu wachotsedwa ntchito. Iye akuti sanalakwe, kapena akuti sanamupatse mpata wonena mbali yake. Wakasuma kubwalo loona milandu ya pa ntchito, wayendera mlanduwo miyezi ndi miyezi, ndipo tsiku lina bwalo lagamula kuti anamuchotsa molakwika, choncho abwerere pa ntchito yake. Kunyumba kwake anthu ayamba kale kuthokoza Mulungu. Koma sabata isanathe, loya wa kampani wakasiya makalata kubwalo lalikulu otsutsa chigamulocho, ndipo wapempha kuti chiyambe chaimitsidwa kufikira mlandu utamvedwanso. Ndiye ndikufunseni, amayi ndi abambo: kuchokera tsiku limenelo mpaka tsiku limene bwalo lalikulu lidzayankhule, munthu uyu azidya chiyani? Lendi azilipira ndani? Nanga fizi ya ana?

Ku India funso limeneli analiyankha m'lamulo lolembedwa. Dzikolo linakhazikitsa lamulo loona mikangano ya pa ntchito, Industrial Disputes Act, mu 1947, chaka chomwe linalandira ufulu wodzilamulira. Pansi pa lamuloli panali mabwalo apadera omva madandaulo a anthu ochotsedwa ntchito, ndipo mabwalowa anali ndi mphamvu yolamula kuti munthu abwezeretsedwe pa ntchito. Bwana amene waluza kumeneko amathamangira ku High Court ya chigawo chake, potsamira ndime 226 ya malamulo aakulu a dzikolo, kukapempha kuti chigamulo chifafanizidwe. Akaluzanso angathe kupitirira mpaka ku Supreme Court ku New Delhi. Mabwalo a ku India ndi odziwika ndi kuchuluka kwa milandu yodikira, moti ulendo wotere umatha zaka, osati miyezi.

Aphungu a dzikolo ataona mmene anthu ankavutikira podikira, mu 1982, m'nthawi ya ulamuliro wa Indira Gandhi, anawonjezera ndime yatsopano m'lamulo lija, ndime 17B, imene inayamba kugwira ntchito pa 21 Ogasiti 1984. Mfundo yake ndi yosavuta. Ngati bwalo la milandu ya pa ntchito lalamula kuti munthu abwerere pa ntchito, ndipo bwana wasankha kukatsutsa ku High Court kapena ku Supreme Court, bwanayo azimulipira munthuyo malipiro athunthu amene ankalandira pamene ankachotsedwa, mwezi ndi mwezi, nthawi yonse imene mlandu uli m'bwalo lalikululo. Wantchitoyo ayenera kupereka kalata yolumbira yonena kuti sanalembedwe ntchito kwina kulikonse. Bwana akabweretsa umboni wokhutiritsa bwalo wakuti munthuyo ali pa ntchito kwina ndipo akulandira ndalama zokwanira, malipiro a nthawi imeneyo saperekedwa. Mumvetse bwino pamenepa: wantchito akalumbira, udindo wotsutsa uli kwa bwana.

Mu 1986, pa mlandu wokhudza chipatala cha chifuwa chachikulu cha New Delhi Tuberculosis Centre, Supreme Court inanena kuti ndimeyi ithandizenso ngakhale anthu amene anapambana milandu yawo isanayambe kugwira ntchito, bola ngati milanduyo inali isanathe. Oweruzawo anaona kuti lamuloli linabwera kudzachepetsa mavuto a anthu odikira, ndipo sikungakhale kwanzeru kusiya panja amene anali atadikira kale nthawi yaitali kuposa anzawo.

Ine ndikuima ndi lamulo limeneli, ndipo ndikufuna ndifotokoze chifukwa chake mosapita m'mbali.

Anthu ambiri amaganiza kuti mlandu ukakhala pa apilo ndiye kuti mbali zonse ziwiri zikungodikira mofanana. Si zoona ayi. Kampani ikamadikira, makina akuyenda, katundu akugulitsidwa, pamalo pa munthu uja alowetsapo kale wina, ndipo ndalama za loya zinaikidwa kale mu bajeti ya chaka. Bwanamkubwa amene anasaina kalata yochotsa munthuyo malipiro ake sanadumphe mwezi. Wantchito akamadikira, amayamba wagulitsa wailesi ya kanema, kenako mipando, kenako mashini osokera a mkazi wake. Asamuka m'nyumba ya lendi yabwino kupita m'kachipinda. Mwana wa sekondale abwezedwa. Ngongole ya kubanki imene ankadula pa malipiro ikungokwera, ndipo mapeto ake alowa katapila. Pamene akukafunsira ntchito kwina, akumufunsa kalata yochokera kumene ankagwira kale, kumene ali nako pa mlandu.

Zikafika pamenepo, loya wa kampani safunikanso kupambana mlandu. Amangodikira tsiku limene munthuyo adzabwere yekha, nkhope ili yakugwa, kudzanena kuti, "Bwana, ingondipatsani kangachepe, nkhaniyi ithe." Ndipo sitingamuweruze munthu ameneyo. Akulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Munthu amene ana ake agona ndi njala atenga ndalama zochepa za lero, n'kusiya zambiri zimene bwalo linamulonjeza. Chotero chigamulo cha bwalo chafa popanda woweruza aliyense kuchifafaniza. Ichi ndicho chimene ndime 17B inabwera kudzatseka. Siimuletsa bwana kuchita apilo, pakuti umenewo ndi ufulu wake. Ikungonena kuti amene wapempha kuti nthawi italike ndiye anyamule mtengo wa nthawiyo.

Tsono abwana nawonso ali ndi dandaulo, ndipo si lachibwana. Iwo amati: nanga bwalo laling'ono litakhala kuti linalakwitsa? Oweruza ndi anthu, amaphonya. Tiyerekeze kuti munthuyo anabadi ndalama, koma umboni sunayende bwino pa mlandu woyamba. Bwana wakhala akumulipira zaka zinayi ali chikhalire kunyumba, ndipo pamapeto High Court yati bwana analondola. Kodi ndalama zonse zija zibwerera?

Funso limeneli linafika ku Supreme Court ya India pa mlandu wa banki ina ya boma, Dena Bank, umene unagamulidwa mu 1997. Bwalolo linati ndalama za pa ndime 17B ndi zongomuthandiza munthu kuti akhale ndi moyo pamene akudikira, ndipo sizibwezedwa ngakhale bwana atapambana pamapeto. Ena anganene kuti apa lamulo lamupondereza bwana. Ine ndikuona kuti popanda mfundo imeneyi ndime yonseyo ikanangokhala ya pa pepala. Munthu amene akudziwa kuti tsiku lina angadzauzidwe kubweza malipiro a zaka zinayi angagule bwanji ufa ndi mtima umodzi? Ndalama imeneyo siikhalanso thandizo, yasanduka ngongole imene akuidya akunjenjemera. Komanso tisaiwale kuti munthuyu si wongodandaula chabe. Ali ndi chigamulo m'manja. Bwalo lokhazikitsidwa ndi lamulo linamva mbali zonse ziwiri, linaona mboni, ndipo linati iye ndi amene akunena zoona. Kufikira bwalo lina litanena mosiyana, chimenecho ndicho choona pamaso pa lamulo. Ndipo bwana amene akudandaula kuti akulipira munthu wosagwira ntchito njira ali nayo: amutsegulire geti, agwire ntchito, mlandu uzipitirira.

Sindikukana kuti pali olemba ntchito ang'onoang'ono, a antchito khumi kapena makumi awiri, amene malipiro a munthu mmodzi wosagwira ntchito angawapweteke ndithu. Koma tikaika pa sikelo kampani imene yataya malipiro a munthu mmodzi ndi banja limene lataya zonse zimene limadalira, ine sindivutika kuona kumene kukulemera.

Chigamulo chomwecho cha Dena Bank chinabweretsanso mfundo ina imene imandiwawa, ndipo pamenepa ndikufuna tikhalepo pang'ono. Panali mkangano wakuti malipiro athunthu amene ndimeyi ikunena ndi ati: kodi ndi amene munthu ankalandira tsiku limene anachotsedwa, kapena amene akanakhala akulandira lero akanakhala kuti sanachotsedwe? Bwalolo linati ndi a tsiku limene anachotsedwa, osawonjezera kanthu. Chifukwa chimene linapereka n'chomveka: popeza ndalamazi sizibwezedwa, aphungu anafuna kuti zikhale ndi malire. Koma taganizirani mmene zimakhalira. Munthu anachotsedwa zaka zisanu ndi zitatu zapitazo. Mlandu woyamba wokha unatenga zaka zisanu. Anzake amene anatsala pa ntchito akwezeredwa malipiro kangapo. Mitengo ya mpunga, mafuta ophikira ndi lendi yasintha. Iye akupatsidwa ndalama ya chaka chimene anachotsedwa, ngati kuti msika unaima tsiku lomwelo.

Ife kuno ku Malawi sitifunika kutifotokozera zimenezi. Kwacha inagwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, n'kugwanso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Munthu amene anachotsedwa ntchito kumayambiriro kwa 2022, mutamupatsa lero malipiro ake a nthawi imeneyo, angabwere ndi chiyani kuchokera ku msika wa Limbe kapena wa Tsoka? Lamulo loti azilandira malipiro akale lingaoneke labwino pa pepala, koma m'dziko limene ndalama ikutha mphamvu chaka ndi chaka, bwana amangodikirabe, chifukwa mwezi uliwonse katundu wake akupepuka pamene wa wantchito akulemera.

Mabwalo a ku India anayesa kukonza zimenezi pang'ono. Mu 2001, pa mlandu winanso wa Dena Bank yomweyo, Supreme Court inati ndime 17B siimanga manja a High Court. Woweruza angathe kulamula ndalama zoposa malipiro akale ngati chilungamo chikufuna choncho, koma ndalama zoonjezerazo zingathe kubwezedwa bwana akadzapambana. Ndipo oweruza ambiri, makamaka a ku High Court ya Delhi, anazolowera kulamula kuti munthu alandire malipiro ake akale kapena malipiro otsikitsitsa amene boma linakhazikitsa, kutengera amene ali okwera. Ndi sitepe yabwino, koma ikudalira woweruza amene wakumana naye tsikulo.

Palinso nkhani ya kalata yolumbira ija. Munthu alumbire kuti sanalembedwe ntchito kwina. Chabwino. Koma nanga amene wayamba kugulitsa tiyi m'mbali mwa msewu, kapena kupalasa njinga yonyamula anthu, kapena kulima kamunda ka makolo? Abwana ena amatuma anthu kukamujambula zithunzi ali pa geni yake, n'kubwera nazo kubwalo kuti, "Onani, ali pa ntchito uyu." Mu 1984 Supreme Court inakumana ndi nkhani yofanana nayo, ngakhale inali ya malipiro a m'mbuyo. Bambo wina atachotsedwa ntchito anakakhala kwa apongozi ake n'kumawathandiza pamalo pawo pogulitsira malasha. Olemba ntchito anati ameneyo ali pa ntchito yopindulitsa. Bwalo linakana, linati munthu sangalangidwe chifukwa choyesetsa kuti asafe ndi njala. Ine ndikugwirizana nazo kwathunthu. Lamulo limene lingamuuze munthu kuti akhale manja lende kuti asataye ufulu wake ndi lamulo losadziwa moyo wa osauka. Bambo amene wayamba kabaza ana ake atagona ndi njala masiku awiri sanapeze ntchito ayi, akungodzipulumutsa.

Mu 2020 India inaphatikiza malamulo ake a za ntchito, ndipo Industrial Disputes Act inalowa m'lamulo latsopano lotchedwa Industrial Relations Code. Zambiri zinasinthidwa, ndipo mabungwe a antchito anatsutsa mbali zina mwamphamvu, koma mfundo yolipira munthu pamene bwana akutsutsa chigamulo anaisunga.

India sili yokha. Ku Philippines, kuyambira 1989 pamene anasintha lamulo lawo la za ntchito, chigamulo chobwezeretsa munthu pa ntchito chimayamba kugwira nthawi yomweyo, apilo ikhalepo kapena ayi. Bwana amasankha chimodzi: kumubweza munthuyo pa ntchito yake, kapena kungomubwezeretsa pa mndandanda wa olandira malipiro ali kunyumba. Mu 2007 chigamulo china cha Supreme Court ya kumeneko chinanena kuti wolandira ali kunyumba adzabweze bwana akapambana, koma mu 2009, pa mlandu wa kampani ya ndege ya Philippine Airlines, bwalo lomwelo linakana maganizo amenewo. Mayiko awiri otalikirana, a malamulo osiyana, anafika pa mfundo imodzi yakuti ndalama yodyera podikira siibwezedwa.

Abale athu amene akugwira ntchito ku Joni amve izi. Ku South Africa munthu wochotsedwa ntchito amayambira ku bungwe loona mikangano ya pa ntchito la CCMA, ndipo bwana wosakhutira amakapempha Labour Court kuti iunikenso chigamulo. Kuyambira Januwale 2015, pempho lotere palokha siliimitsa chigamulo. Bwana ayenera kupereka chikole, ndipo ngati chigamulo chinali chobwezeretsa munthu pa ntchito, chikolecho ndi malipiro a miyezi 24, pokhapokha bwalo litalamula mwina. Njira imeneyi imamuganizitsa kawiri bwana amene amafuna kungotaya nthawi, ndipo imatsimikiza kuti ndalama zidzapezeka pamapeto. Koma ndalama ya chikole imangokhala, siifika m'khitchini mwa munthu amene akudikira. Pa chifukwa chimenechi ine ndimaona kuti njira ya ku India ndi ya ku Philippines ili pafupi ndi vuto lenileni.

Nanga kwathu kuno ku Malawi? Malamulo aakulu a dziko, pa ndime 31, amapatsa munthu aliyense ufulu wogwiritsidwa ntchito mwachilungamo. Lamulo la Employment Act la chaka cha 2000 limati munthu asachotsedwe popanda chifukwa chomveka, komanso asanapatsidwe mpata wodziteteza. Bwalo la Industrial Relations Court, limene limamva milandu ku Blantyre, Lilongwe ndi Mzuzu, likapeza kuti munthu anachotsedwa molakwika lingalamule kuti abwerere pa ntchito yake, alembedwenso pa ntchito ina yofanana nayo, kapena apatsidwe chipukuta misozi. Kawirikawiri chimene anthu amatuluka nacho ndi chipukuta misozi, pakuti pofika tsiku la chigamulo ubale umakhala utaonongeka kale. Wosakhutira ali ndi masiku 30 ochitira apilo ku High Court. Ndipo lamulo la Labour Relations Act la 1996 limanena kuti apilo payokha siimitsa chigamulo, pokhapokha bwalo litalamula choncho.

Mawu akuti pokhapokha amenewo ndiwo khomo limene maloya a makampani amalowera. Amapita kwa woweruza kukapempha chiletso, ndipo chifukwa chimene amapereka nthawi zambiri ndi chimodzi: munthuyu sali pa ntchito, alibe katundu, tikamupatsa ndalama sadzatha kubweza tikapambana. Omvera, tamvetsani bwino zimenezi. Umphawi umene munthu wagweramo chifukwa chochotsedwa ntchito, kuchotsa kumene bwalo lati kunali kolakwika, ndi umene ukugwiritsidwa ntchito pomumana zimene wapambana. Zimenezi zimandipweteka mtima. Oweruza athu ambiri amaliona vutoli, ndipo ena amapereka chiletso pokhapokha bwana atayamba wapereka gawo la ndalamazo. Ndimawayamikira. Koma munthu wosauka sayenera kudalira mwayi wokumana ndi woweruza wachifundo, kapena kukhala ndi loya wodziwa kupempha zimenezo.

Ndikanakonda a Malawi Congress of Trade Unions, a bungwe la olemba ntchito la ECAM ndi a unduna wa za ntchito akanaika nkhaniyi pa tebulo lawo. Tikatenga nzeru ya ku India tisatengere pamodzi ndi chilema chake. Lamulo linene poyera kuti bwana amene wapeza chiletso pa chigamulo chobwezeretsa munthu pa ntchito azimulipira mwezi ndi mwezi kufikira apilo itatha. Ndalamayo ikhale imene anzake a pa giredi yomweyo akulandira lero, kapena isatsike kuposa malipiro otsikitsitsa a boma a chaka chimenecho. Isadzabwezedwe. Ganyu, kabaza ndi geni ya tomato zisawerengedwe ngati ntchito. Ndipo abwana nawo atetezedwe m'njira imene ingawathandizedi, yomwe ndi kuika malire a nthawi imene apilo ya mlandu wa ntchito iyenera kumvedwa, kuti amene ali ndi mfundo zenizeni asalipire zaka ndi zaka. Ndikukhulupirira kuti lamulo lotere litabwera, makampani ndi amene angayambe kukakamiza kuti milandu iziyenda msanga, pakuti kuchedwa kudzakhala kukuwadyera iwo ndalama.

Pakadali pano, inu amene mwapambana mlandu ndipo mwamva kuti kampani ikukapempha chiletso, musakhale kunyumba kudikira kuti akuuzeni zotsatira. Pitani kwa loya wanu, kubungwe lanu la antchito kapena ku Legal Aid Bureau, mukanene kuti mukufuna kumvedwa chiletsocho chisanaperekedwe, kapena kuti chiunikidwenso ngati chaperekedwa inu kulibe. Tengani makalata a lendi, a sukulu, a kuchipatala ndi a ngongole, woweruza aone ndi maso ake zimene kudikira kukukuchitani, ndipo mupemphe kuti ngati chiletso chiperekedwe, kampani iyambe yakupatsani gawo la ndalama zanu.